Ndinatsika Sitima pa Dooko la Nkhuni

Ana anga, za ubwana wanga sindilemba. Ndinabadwira kumunsi kwa Nsanje kwa makolo achisena ochokera ku Zambezi, ndinaweta mbuzi ngati mwana wina aliyense, ndinaphunzira kulemba pang'ono kwa aphunzitsi a mishoni, basi. Inu mumandidziwa ngati munthu wa sikelo chifukwa ndinakalambira pa msika wa thonje, koma sikelo inabwera pambuyo. Ntchito yanga yoyamba inali ya pamadzi. Mukandiona ndakhala pansi pa mtengo maso ali kumtsinje, mukuitana ine osayankha, musamati bambo agontha. Ndimakhala ndili m'sitima.

1911

Masiku amenewo Shire anali msewu. Sitima zinkachokera ku Chinde, kunyanja yamchere, n'kukwera ndi katundu mpaka Nsanje, ndipo madzi akachuluka zinkapitirira Chiromo kukatenga thonje cha ku Chikwawa. Yathu inali yathyathyathya pansi, yokhala ndi gudumu lalikulu kumbuyo limene linkapalasa madzi. Anandilemba ntchito yoponya nkhuni m'ng'anjo. Kutentha kwa kuno mumakudziwa, ndiye onjezanipo moto. Kuti ndisakomoke ndinkaimba, ndipo kuimbako n'kumene kunanditulutsa m'dzenjemo. Mkulu wogwira chiwongolero, a Gonsalo, Msena mnzathu wa imvi wochokera ku Chinde, anasuzumira tsiku lina n'kufunsa kuti akulirayo ndani. Atandiona anati mawu otere n'kuwawononga kuwawotcha, apite kutsogolo.

Kutsogoloko ntchito inali yoyeza madzi. Ndinkaima pamphuno penipeni pa sitima ndi nsungwi yaitali, n'kumaibaya pansi. A Gonsalo, ali pamwamba pa chiwongolero, ankafunsa kuti, "Madzi?" Ine ndinkayankha mokoka ngati nyimbo, kuti "Alipo" kapena "Achepa," iwo n'kudziwa kokhotera. Mwini sitimayo anali mzungu amene tinkamutcha Tsekwe chifukwa cha kayendedwe kake. Ankakhala pampando wake ndi kaliwo kukamwa, ndipo za mtsinje ankazimvera kwa a Gonsalo okha.

Sindikhulupirira kuti m'dziko muno munali mnyamata wina amene anali ndi ntchito yokoma ngati imeneyo. M'mamawa nkhungu inkagona pamadzi, bango osaoneka, migwalangwa mitu yokha ili lende m'mwamba ngati ilibe tsinde. Phokoso lonse linali kumbuyo. Kutsogolo kunali ine, nsungwi ndi madzi ong'ambika pang'onopang'ono. Mvuu inkatulutsa makutu n'kumiranso, akakowa ankanyamuka mochedwa ngati sakufuna. Nthawi zina ndinkaiwala kuti ndine wantchito, ndinkangoona ngati dziko lonse likubwera kudzandipatsa moni, ine ndaima chilili. A Gonsalo ankati ndimalota ndili maso, ndipo sankanama.

1912

Chaka chachiwiri ndinaphunzira chinthu chimene kumishoni sanatiphunzitse. Kunali chilimwe, madzi ataphwera, tili m'dambo lalikulu la kumtunda kwa Chiromo. Nsungwi inagunda mchenga pafupi kwambiri. Zinangochitika kuti Tsekwe anali atatsika pampando wake n'kuima pambali panga. M'malo moimba kuti a Gonsalo amve, ndinatembenukira kwa mzunguyo n'kumuuza m'kachingerezi kanga kothyokathyoka kuti kutsogolo kuli mchenga. Iye analamula kuti aimitse gudumu, n'kuwakalipira a Gonsalo pamaso pa anthu onse, kuti mwana akuona zimene mkulu sakuona. Ine anandisisita paphewa n'kundipatsa fodya. Ndinayenda tsiku limenelo ngati ndavala nsapato.

Masana titakhala kuti tidye, bwalo la anzanga silinatseguke. Palibe anandithamangitsa, kungoti aliyense anakhala motambasula miyendo, malo anga osapezeka. Ndikafika pamene akucheza nkhani inkatha. A Gonsalo ankafunsabe kuti "Madzi?" koma mwa mawu ofunsira mlendo njira. Sitima ndi kanthu kakang'ono, ana anga, mulibe kothawira anthu akakuzizira. Nditatopa ndinatenga fodya uja, ndinakwera pamwamba, ndinakhala pansi pafupi ndi mapazi awo n'kumuika patsogolo pawo. Anamuyang'ana fodyayo.

"Mchenga uja unalipo, Tome, sunaname," anatero. "Koma mawu ali ndi ngalande yake ngati madzi. Akalumpha ngalande amawononga munda. Ukanaimba mokweza kuti achepa, ine ndikanakhota, mzungu akanapitiriza kusuta, tonse tikanadyera pamodzi."

Ndinafunsa ngati njira yachidule ili yolakwika ngakhale munthu ukunena zoona.

"Nkhabe," anandikaniza mwachisena. "Waonapo sitima ikuona dooko n'kulunjika pomwepo? Imayenda kumene kuli madzi, ngakhale kukhale kozungulira."

Anagawa fodyayo pakati, theka anandibwezera. Tsiku lotsatira bwalo linatseguka. Ndinaganiza kuti phunziro limeneli ndalimaliza, osadziwa kuti ndangoliloweza pasitima pokha.

1914

M'dera la Makhuwira munali dooko limene tinkaimapo kutenga nkhuni, mapiri a Thyolo ali kumbuyo kwake. M'mawa wina tikuyandikira pamenepo, nkhungu ili tolo, ndinaimba kuti "Alipo." Kuchokera m'bango mawu achikazi anayankha chimodzimodzi, mpaka kupinda lilime mwachisena monga ndinkachitira ine. Ndinaima ndi nsungwi m'mwamba. Kwa kanthawi ndinaganiza kuti mtsinje wayamba kuyankha, koma anzanga kumbuyo anali atagwa kale ndi phwete.

Titakocheza ndinapeza amayi ndi atsikana akugulitsa mbatata ndi nsomba zowamba. Ndinayang'ana nkhope imodziimodzi. Mmodzi yekha anali atatifulatira, akukonza mbatata zimene zinali zokonzeka kale, mapewa akugwedezeka. Ndinapita kukaima pomwepo.

"Ndinu mukufuna kundilanda ntchito?" ndinafunsa.

"Ntchito yake iti? Yobaya madzi osalakwa?" anayankha asanatembenuke. Kenaka anandiyang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi. "Ine ndimayesa ndi mbalame yachilendo imalira m'sitimamo. Kani ndi munthu, ali ndi miyendo yomwe."

Dzina lake linali Ndaziona, mwana wa Amang'anja a m'mudzi wa pafupi ndi dookolo. Kuyambira pamenepo mtsinje wonse unasanduka njira yopita pa dooko limodzi. Tinkadutsapo mwa apo ndi apo, ndipo kucheza kwathu kunkatalika molingana ndi mulu wa nkhuni. Ine amene kale ndinkafulumizitsa onyamula nkhuni ndinayamba kuwauza kuti asamale misana. Iye ankandisungira mbatata yootcha yokulunga m'tsamba, ine ndinamubweretsera mikanda ya ku Chinde, ndipo ulendo wotsatira ndinaiona ili m'khosi. Pakati pa maulendowo ndinkakhala naye m'mutu. Ndinkamumangira nyumba kwathu ku Nsanje, kuifolera, kuikamo ana, nsungwi ili m'manja. Tsiku limene ndinalimba mtima n'kumuuza kuti ndikumufuna, anakumba mchenga ndi chala chakuphazi n'kunena kuti, "Kafunseni kwathu." Ndinamva mawuwo bwinobwino, koma ndinawamva ndi makutu achisena.

1916

Nkhondo ya Ajeremani inatifikira kuno ngati njala ya zinthu. Nsalu zinasowa, sopo anasowa, makasu anasowa, moti anthu ena anabwerera kuvala nyanda ndi masaka. Amuna ankagwidwa m'midzi kupita ku mtengatenga, kukasenza katundu wa asilikali, koma ife a m'sitima sankatikhudza chifukwa ntchito yathu inkafunika. Ine m'bokosi langa munali nsalu zimene ndinkagula pang'onopang'ono ku Chinde zinthu zisanavute. Kwathu kwa Asena mwamuna amapereka chuma kwa bambo a mkazi, n'kumutenga mkaziyo kupita naye kwawo, ana n'kukhala a kuchimuna. Ndinkaona ngati dziko lonse limakwatira choncho. Sindinafunse munthu, ngakhale a Gonsalo amene ndinkadya nawo tsiku ndi tsiku.

Gudumu litathyoka thabwa tinaima pa dooko lija masiku angapo. Ndinasamba, ndinavala malaya oyera, ndinasenza mtolo wanga n'kulowa m'mudzi, n'kufunsa nyumba ya bambo a Ndaziona. Ndinawapeza kuseri kwa nyumba akusoka ukonde, munthu wowonda, wofatsa. Titapatsana moni ndinamasula mtolo n'kuyala nsalu zonse pamphasa. M'chaka chimenecho nsalu zotere zinali ngati moto wa m'tchire, zinaitana mudzi wonse. Amayi anatizungulira. Bambo aja anayang'ana uku ndi uku ngati awapeza m'munda wa eni.

"Pindani msanga, mwana wanga," ananong'ona. "Ine pano ndine mkamwini. Ndinabwera kudzalima ndi kudzabereka. Anawa ali ndi mwini wake."

Mwini wakeyo anali atafika kale. Anali a Kapanga, atsibweni a Ndaziona, mlongo wawo wa mayi ake, ndipo m'manja anali ndi mono amene ankaluka. Sanakweze mawu. Anagwira nsalu imodzi n'kuipekesa ndi zala.

"Nsalu zabwino. Mukugulitsa?"

"Iyayi, bambo. Ndi za Ndaziona."

"Ndiye kuti mukugula." Anaibweza pamphasa bwinobwino. "Kuno mwana wamkazi ndiye mudzi, achimwene. Mukamukweza sitima yanuyo ife titsala ndi nsalu, ndipo nsalu imatha. Komanso mwadutsa pakhomo panga osandipatsa moni, n'kudzawaika alamu angawa pamoto."

Palibe anaseka, ndipo kusasekako kunandipweteka kuposa kutukwanidwa. Ndikupinda nsalu zanga ndinamuona Ndaziona ataima kuseri kwa nkhokwe, dzanja lili pa mikanda ija, maso ali pansi. Ndinali nditamuchititsa manyazi pamaso pa abale ake onse. Ulendo wotsatira tikuyandikira dookolo ndinaimba kuti "Alipo" mokweza kuposa masiku onse, ndinamvetsera, koma m'bango munali zii. Pa dooko panali mng'ono wake ndi mbatata. Ndinadziwa kuti ndamutaya, ndipo mtima unandiwawa moti chakudya chinkandikanika.

A Gonsalo nkhaniyo anali ataimva kale kwa odula nkhuni. Anandisiya ndiwonde kaye, kenaka anandiitana pamwamba.

"Walumphanso ngalande," anatero. "Unapita kwa mzungu pamene wogwira chiwongolero ali pomwepo." Anatembenuzira maso pamadzi. "Inenso ndinali naye Mmang'anja wanga, kumtunda uko. Anandiuza kuti nditsike ndikalime kwa apongozi, ine ndinati Msena salimira mkazi. Anakwatiwa ndi wina. Ana ake ndimawaona pa dooko, amandigulitsa nsomba, ndipo sadziwa kuti n'chifukwa chiyani sindinenerera."

Ndinali ndisanawamvepo akuyankhula za iwo eni. Ndinawapempha, nditagwada, kuti akandiyankhulire. Ulendo wina titaima pa dookolo anavala jekete lawo lakuda limene ankasungira maliro, ananyamula fodya pang'ono chabe, n'kupita kwa a Kapanga. Ine anandiuza kuti ndisatsike ngakhale phazi limodzi. Ndinakhala pamphuno pa sitima ndikuyang'ana kanjira kolowa m'mudzi mpaka maso anachita mdima. Anabwera dzuwa litapendeka, akununkha mowa wa uchema.

"Akuti pyadidi, zili bwino," anatero. "Mkwiyo watha. Nsalu sakuzifuna. Akufuna manja ako. Umange nyumba pomwepo, ulime munda wa apongozi, ukhale pakati pawo akuone khalidwe. Mvula ikagwa usanafike, pali mnyamata wina wa tsidya amene wafunsira kale." Anavula jekete n'kulipinda. "Nkhani ina nayi. Maso angawa ayamba kuchita nkhungu ngakhale masana. Ndamuuza Tsekwe kuti chiwongolero chikhale chako, ndipo wavomera. Ndakuyankhulira kuwiri, Tome. Kumodzi undichititsa manyazi, ndiye usankhe wekha kuti ndi kuti."

Ana anga, chiwongolero inali ntchito yaikulu imene munthu wakuda akanaifikira pamtsinje uja. Wochigwira ankalemekezedwa m'madooko onse kuyambira Chinde mpaka Chikwawa. Kutsika kunali kusiya zimenezo, kukhala mlendo m'mudzi wa eni, ana anga n'kudzakhala a atsibweni awo, ndiponso kudziika poyera pamene ogwira anthu a mtengatenga akanatha kundipeza. Bambo anga nditawauza ku Nsanje anati ngati ndikufuna kukhala kapolo wa akazi ndipite, koma ndisadzabwere kudzawalirira.

Ulendo wotsatira, wotsika ndi wokweranso, a Gonsalo anandipatsa chiwongolero kuti ndichizolowere. Sanachite mwanjiru, ankafuna kuti ndidziwe chimene ndikusiya. Munthu ukachigwira umamva mtsinje wonse m'manja, kumene ukukoka ndi kumene ukukana, ngati wagwira chingwe cha ng'ombe yofatsa koma yamphamvu. Kuchokera pamwambapo dambo linkaoneka mpaka kumapiri, mabwato a asodzi ngati makoko a mtedza. Ndinachikonda, sindibisa. Ndinadziona ndili ndi imvi, jekete lakuda lili m'bokosi, anyamata akundisunthira malo. Ndipo m'malotowo ndinadzionanso ndikutsika pa dooko la nkhuni kukagula mbatata kwa ana amene ali ndi nkhope ya Ndaziona, osanenerera. Pamenepo nkhani inatha. Mitambo inali itayamba kale kusonkhana pamwamba pa Thyolo.

Ulendo uno sindinalumphe ngalande. Ndinauza a Gonsalo, iwo n'kukauza Tsekwe, ine nditaima patali. Mzunguyo anachotsa kaliwo kukamwa n'kufunsa ngati n'zoona kuti munthu akusiya sitima chifukwa cha khasu. A Gonsalo anati ndi zoona, bwana, ndipo anangoima n'kulandira mawu onse amene anatsatira. Pa dooko ndinapereka nsungwi kwa mnzanga wina, ndinasenza bokosi langa n'kutsika. A Gonsalo sananditsanzike. Anangoti ndikawapatse moni a Kapanga ndisanapite kwina kulikonse.

1917

Chikamwini si masewera. Manja amene anazolowera nsungwi anatuluka matuza, n'kuphulika, n'kutulukanso. Ndinaphunzira kupatukira m'tchire ndikaona apongozi akazi akubwera m'njira, kudya zimene ndapatsidwa osafunsa zina, ndi kukhala chete pabwalo ngakhale nkhani ndikuidziwa. Amene ankandimvetsa anali apongozi aamuna aja. Tikamalima awiri ankandiuza motsitsa mawu kuti zaka khumi zoyamba zokha n'zimene zimavuta. Mtengatenga nawo unandipezadi. Ndinapita, ndinabwerako mafupa okhaokha, koma ndinabwera, ndipo ndinapeza nyumba yanga yozira bwino, Ndaziona ali pakhomo. Nsalu zija zinatha pang'onopang'ono m'nyumba momwemo, ndipo inu akuluakulu munagonapo muli makanda.

M'mawa wina nditachira tinali kudimba m'mphepete mwa mtsinje, ine ndi mayi anu, tikubzala mbatata. Nkhungu inali isanachoke. Ndinamva gudumu likupalasa chapatali, ndipo khasu linaima lokha. Sitima inatulukira pang'onopang'ono, utsi poyamba, kenaka chiwongolero, ndipo pamenepo panali a Gonsalo, maso awo ofooka omwewo, chifukwa wina wowalowa m'malo anali asanapezeke. Kutsogolo mawu achilendo ankaimba nyimbo yanga, moipa. Sindikudziwa ngati a Gonsalo anandiona kapena ankangodziwa pamene pali dimba lathu, koma analiza lipenga la sitima kamodzi, motalika, pamalo pamene panalibe chifukwa cholizira. Ndinayang'ana mpaka utsi unasungunuka m'nkhungu. Chisoni chinandigwira, ndipo ndinaopa kutembenuka kuti mayi anu angachione pankhope panga.

Iwo anali atachiona kale. Anaima pambali panga ndi mbewu ya mbatata m'manja. Kenaka anafunsa motsitsa, mwa mawu a a Gonsalo koma osaseka, kuti, "Madzi?"

Ndinadziwa kuti akufunsa ngati ndikudandaula kuti ndinatsika. Sindinafune kuyankha mwachizolowezi, choncho ndinayeza kaye m'mtima monga ndinkachitira ndi nsungwi, kufikitsa pansi penipeni. Ndinati, "Alipo." Anawerama n'kupitiriza kubzala.

1920 ndi zaka zotsatira

Mtsinje unayamba kudzaza mchenga, njanji inalanda katundu, ndipo sitima zinayamba kubwera mwa kamodzikamodzi mpaka tinasiya kuziyembekezera. A Gonsalo anabwerera kwawo ku Chinde atachita khungu, ndipo uthenga wa imfa yawo unandipeza mochedwa, kudzera mwa msodzi. Ine ndinalowa ntchito ya sikelo, imene mukuidziwa. Musaganize kuti kutha kwa sitima n'kumene kunandiuza kuti ndinasankha bwino. Zikanayendabe mpaka lero, bwenzi ndikuzilakalakabe chimodzimodzi.

Funso lija linakhala lathu. Mayi anu ankandifunsa akaona kuti ndakhala chete mopitirira, kaya m'chaka cha njala, kaya titaika mwana m'manda, kaya titangokangana za ziii. Sindinawanamizepo. Masiku ena ndinkati achepa, iwo n'kudziwa kokhotera. Pa matenda awo omaliza, atasiya kudya ndi kuyankhula, inu mutatuluka panja, ndinaona kuti nthawi ino wofunsa ndine. Ndinawagwira dzanja n'kufunsa. Anatsegula maso, anandiyang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi monga tsiku lija pa dooko, n'kuyankha mokoka, lilime atalipinda mwachisena kuti andiseke komaliza, kuti alipo.